Miyezi Itatu Yosanduka Zaka: Kukonzanso Zoonongeka kwa Mwambo

Munthu akachoka mu mzinda wa Zomba kulowera kum'mawa, kutsata msewu wa ku Jali, amatsika pang'onopang'ono kufikira phiri litatsala kumbuyo ndipo dziko litayala ngati mphasa. Kumeneko ndiko kwa Mfumu Yaikulu Mwambo, kumadzulo kwa nyanja ya Chilwa. Ndi dziko la mpunga, la matemba ndi milamba, komanso ndi dziko limene madzi amabwera kudzachezako osaitanidwa. Mvula ikaononga, alendo obwera kudzaona zoonongekazo amasiya mawu olimbitsa mtima: mlatho uwu ukhala utatha pa miyezi itatu, ana abwerera m'kalasi mwawo teremu ya mawa. Miyezi itatu ija imakwana, ina itatu n'kudutsanso, mpaka mvula ina kugwa ana akuphunzirabe pansi pa mtengo wa mango. Zikatero anthu amafulumira kunena kuti ndalama zadyedwa, kapena kuti kontirakitala ndi waulesi. Nthawi zina zimenezi zimakhala zoona, ndipo palibe chifukwa chozibisira. Koma ngakhale pamene aliyense wagwira ntchito yake mokhulupirika, tsiku lolonjezedwa lija limadutsabe ntchito isadathe.

Akuluakulu a ku Zomba amasimba za Napolo wa mu Disembala 1946, amene adakokolola milatho ya m'tauniyo. Napolo wina adatsika ku Phalombe mu Malichi 1991, ndipo chaka chomwecho dziko lidakhazikitsa lamulo loona za ngozi zogwa mwadzidzidzi. Kale ngozi zotere zinkatalikirana, kotero kuti mwana wobadwa pa ngozi ina ankatha kukula asadaone inzake. Koma m'zaka zaposachedwapa zabwera mothithikana: madzi osefukira a mu Januwale 2015, amene adachititsa kuti maboma 15 alengezedwe kuti ali pa ngozi, namondwe Idai mu Malichi 2019, Ana mu Januwale 2022 ndi Gombe mu Malichi chaka chomwecho, kenaka Freddy mu Malichi 2023, amene adasiya anthu oposa 650,000 opanda pokhala, ndipo akufa ndi osowa pamodzi adapitirira 1,000. Boma la Zomba lidakhudzidwa pa ngozi zimenezi, makamaka madera a kuchigwa kumene mitsinje monga Likangala ndi Thondwe imathera.

Chifukwa choyamba cha kuchedwa chagona pa chikhalidwe cha nyanjayo. Chilwa alibe mtsinje wotulutsa madzi. Zonse zimene mitsinje yatsitsa kuchokera ku mapiri a Zomba, Chiradzulu, Mulanje ndi a ku Mozambique zimakhala momwemo kufikira dzuwa ndi mphepo zitaziuma. Nyanjayo ndi yosaya, ndipo dziko loizungulira ndi lathyathyathya, choncho madzi akakwera pang'ono pokha amafalikira kutali m'minda ndi m'midzi. Kumtunda, mtsinje ukasefukira lero, pakapita masiku atatu munthu amayenda pouma. Kwa Mwambo madzi amatha kukhala masabata, mwinanso miyezi, ndipo akaphwa pamwamba amatsalabe pansi pa nthaka. Mmisiri wokumba maziko amangofika m'mawondo dzenje n'kuyamba kudzaza madzi. Woyerekeza nthawi amene adazolowera kumanga ku Blantyre kapena pa mtunda wa Zomba amawerenga kuyambira tsiku limene mvula yaleka, pamene nthaka ya kuchigwa imawerenga kuyambira tsiku limene yauma.

Dothi lenilenilo lili ndi khalidwe lake. Malo ambiri a m'mbali mwa nyanja ndi a makande, dothi lakuda limene limafufuma likamwa madzi ndi kung'aluka likauma. Nyumba yomangidwa pa makande imayenda pamodzi ndi dothilo. Khoma limene likuoneka labwino mu Epulo lingathe kuonetsa ming'alu mu Ogasiti, nthaka ya pansi pake itayamba kukhwinyata. Apa ndipo pamene pali gwero lina la malonjezo olephereka, pakuti oyendera zoonongeka amabwera msanga, madzi akadalipo, ndipo amalemba zimene maso awo aona: malata asasuka, khoma limodzi lagwa, zitseko zafufuma. Akuluakulu adati chikomekome cha mkuyu m'kati muli nyerere. Mmisiri akagumula pulasitala amapeza kuti njerwa za m'munsi zidamangidwa ndi matope, ndipo matopewo adasungunuka. Akakwera padenga amapeza kuti matabwa amene amati angokhomererapo malata atsopano adadyedwa kale ndi chiswe. Pa mlatho, madzi amakumba pansi pa mzati osaonekera pamwamba, ndipo zimenezi zimadziwika mtsinje ukaphwa. Ntchito imene idalembedwa kuti ndi yokonza khoma imasanduka yogwetsa nyumba yonse ndi kuyambiranso pa maziko. Kumanga chatsopano pa malo opanda kanthu n'kosavuta kuwerengera kusiyana ndi kukonza chakale, chifukwa womanga chatsopano amadziwa zonse zimene akuikamo, pamene wokonza chakale amaphunzira za nyumbayo tsiku ndi tsiku akuigumula.

Koma chachikulu pa zonse ndi kufupika kwa nyengo yomangira, ndipo ichi n'chofunika kuchimvetsa bwino. Anamondwe amabwera pakati pa Januwale ndi Malichi. Mvula imaleka cha mu Epulo. Kuchigwa nthaka imayamba kulola ngolo ndi galimoto cha mu Meyi kapena Juni, ndipo mvula ina imayamba mu Novembala kapena Disembala. Ndiye kuti pa miyezi khumi ndi iwiri ya chaka, yogwirira ntchito ya dothi ndi simenti mosadodometsedwa ndi isanu kapena isanu ndi umodzi. M'miyezi yochepayo banja limene nyumba yake idagwa liyenera kukumba dothi, kuliponda, kuumba njerwa ndi chikombole, kuziyanika mpaka ziume, kuzisanja pa uvuni, kupeza nkhuni, kuotcha, kudikira kuti uvuni uzizire, kenaka n'kuyamba kumanga. Chilichonse mwa zimenezi chimadikira chinzake. Njerwa siziotchedwa zisadaume, denga silikwera khoma lisadafike, ndipo udzu wofolerera sumwetedwa usadakhwime, cha mu Juni kapena Julayi. Banjalo likachedwa ndi masabata atatu chifukwa cha maliro kapena matenda, mvula yoyamba ingathe kupeza njerwa zosaotcha zili pabwalo, n'kuzibwezera ku dothi kumene zidachokera. Pamenepo kuchedwa kwa masabata atatu kwabala kuchedwa kwa chaka chathunthu. Uku ndiko kuwerengera kumene anthu a m'maofesi amakuphonya kawirikawiri: ku dera lotere nthawi yotayika siwonjezeka pang'onopang'ono ayi, imalumpha kuchoka pa chilimwe china kufika pa chinzake.

Miyezi yomweyonso ndiyo yokolola mpunga, kuupuntha ndi kuugulitsa. Bambo amene akadakhala akuumba njerwa ali ku munda, kapena ali pa nyanja m'zimbowera kufunafuna ndalama ya malata, kapena ali pa ganyu chifukwa chimanga chake chidapita ndi madzi. Munthu wanjala amayamba wafuna chakudya, nyumba pambuyo, ndipo palibe angam'dzudzule. Mutu umodzi susenza denga, ndipo mwa masiku onse anansi amathandizana pomanga. Koma ngozi ikagwera mudzi wonse, aliyense ali ndi denga lake lofunika kusenza. Mmisiri mmodzi wodziwika bwino m'mudzimo amalandira chikole kwa mabanja asanu nthawi imodzi, ndipo aliyense amamuuza mawu amodzimodzi: "Mayi, musadandaule, Lolemba ndili pano." Salinga kunama, koma Lolemba ndi limodzi, nyumba ndi zisanu.

Ntchito za boma, monga sukulu, zipatala, milatho ndi misewu, zimakumana ndi nyengo yomweyo, koma zili ndi ulendo wake wautali zisadafike pa malo. Makomiti a m'midzi oona za ngozi amalemba zoonongeka ndi kupereka kwa a m'dera, a m'dera kwa khonsolo ndi bwanamkubwa, ndipo kuchoka apo nkhani imapita ku nthambi ya DoDMA ku Lilongwe. Kenaka pamachitika kafukufuku wa dziko lonse wowerengera mtengo wa zoonongeka. Wa mu 2015 adapeza kuti pafunika madola a ku Amereka pafupifupi 494 miliyoni kuti zinthu zibwerere m'chimake, wa mu 2019 pafupifupi 370 miliyoni, ndipo wa pambuyo pa Freddy pafupifupi 680 miliyoni. Kuwerengera zofunika ndi kwina, kukhala nazo m'manja ndi kwinanso. Pa madzi a mu Januwale 2015, World Bank idavomereza madola 80 miliyoni mu Meyi chaka chomwecho, ndipo pa kayendedwe ka mabungwe aakulu kumeneko kudali kufulumira. Komabe Meyi ndi mwezi umene kuchigwa nyengo yomangira yayamba kale kutha masiku ake.

Ndalama zikapezeka, lamulo la kagulidwe ka zinthu za boma limafuna kuti mainjiniya ajambule mapulani, ntchito ilengezedwe m'nyuzipepala, makontirakitala apatsidwe nthawi yopereka mitengo yawo, komiti iunike, wopambana asankhidwe, ndipo wodandaula amvedwe. Malamulo amenewa adaikidwa kuti ateteze chuma cha anthu kwa akuba, ndipo amene amafuna kuti achotsedwe pofuna liwiro aiwala kuti nthawi ya ngozi ndiyo imene akuba amaikonda. Koma mtengo wa chitetezocho ndi miyezi. Si zachilendo kuti kontirakitala afike pa malo mu Okutobala, akhome chikwangwani cholemba kuti ntchito idzatha pa masiku 90, akumbe maziko, ndipo mvula ya Disembala idzaze maenjewo ndi kudula msewu wa fumbi wobweretsera miyala ndi mchenga. Masiku 90 aja adawerengedwa molondola ngati akadayamba mu Juni. Anthu a kwa Mwambo sasowa chitsanzo cha kutalika kwa ntchito za misewu, pakuti msewu wa tara wochoka ku Zomba kudzera pa Jali ndi Phalombe mpaka ku Chitakale udatenga zaka zoposa khumi, chikhalirecho sudali wokonzanso pambuyo pa ngozi.

Simenti nayo ili ndi malamulo ake osapindika. Konkire imafunika kuthiriridwa madzi kwa masiku asanu ndi awiri kapena kuposerapo, ndipo amisiri amawerengera masiku 28 kuti ifike pa mphamvu yake. Woika galimoto lolemera pa kalavati wa masiku asanu wafupikitsa moyo wa kalavatiyo. Kuyambira mu 2018 malamulo salola njerwa zootcha pa zomangamanga za boma, pofuna kupulumutsa mitengo, choncho sukulu imamangidwa ndi mabuloko a simenti kapena njerwa za makina, zimene nazo zimafuna masiku ake oumira. Madzi osakanizira ayenera kukhala abwino. Koma m'mbali mwa Chilwa zitsime ndi mijigo yambiri imatulutsa madzi a mchere, amene amadyetsa dzimbiri zitsulo za m'kati mwa konkire. Zimachitika kuti pa dziko lodzaza madzi, kontirakitala ayenera kutuma galimoto kukatunga madzi kutali.

Pamene miyezi ikudutsa, ndalama nayo sikhala malo amodzi. Kwacha idatsitsidwa mphamvu ndi 25 peresenti mu Meyi 2022, ndiponso ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, pamene dola imodzi idachoka pa K1,180 kufika pa K1,700. Zitsulo, malata, misomali, utoto ndi mafuta a galimoto zimachokera kunja kapena zimapangidwa ndi zipangizo za kunja, ndipo mitengo yake idakwera nthawi yomweyo. Kontirakitala amene adasaina pangano mu Ogasiti 2023 adadzuka mu Disembala ali ndi pepala la ndalama zosakwana kugula theka lachiwiri la zipangizo. Wotere amaimitsa ntchito ndi kulemba kalata yopempha kuti mtengo uonjezedwe, ndipo kalatayo iyenera kuyenda ulendo wa maofesi uja kachiwiri. Enanso amalipidwa mochedwa pa gawo limene amaliza kale, amisiri awo n'kubalalika kukafuna ganyu kwina. Banja la m'mudzi limakumana ndi zomwezo mwa njira yake: ndalama ya mpunga imene idasungidwa kuti igule malata makumi awiri imagula khumi ndi anayi, ndipo nyumba imakhala ndi chipinda chimodzi chofoleredwa kudikira zokolola zina.

Nkhani ya Kapichira imaonetsa kuti vutoli silisankha osauka okha. Namondwe Ana adaononga damu la malo opangira magetsiwo pa mtsinje wa Shire mu Januwale 2022, ndipo dziko lidataya mamegawati pafupifupi 130 tsiku limodzi. Ntchitoyi idali ndi mainjiniya, makina aakulu ndi maso a dziko lonse. Tsiku loyembekezeka lidali la mu Disembala 2022, koma magetsi adayambanso kutuluka mu Epulo 2023, Freddy atadutsa kale pakati pake. Ngati ntchito yotere idadutsa tsiku lake ndi miyezi inayi, kalasi ya pa sukulu ya kumudzi, imene ilibe womvekera ku likulu, ingapirire bwanji? Ndipo ngozi ikagwa pa inzake, ndalama zimene zidali za kukonza zoonongeka zakale zimapatutsidwa kukagula chimanga ndi matenti a ovutika atsopano, monga ziyenera kukhalira, ndipo mlatho wa ngozi yoyamba umabwerera kumapeto kwa mzere.

Palinso funso limene pepala la injiniya silingayankhe, lakuti nyumbayo imangidwe pati. Chilwa adaphwa mu 1968 ndi mu 1995, ndipo mu 2018 adatsala pang'ono kutheratu. Zaka zoterezi anthu amatsatira nyanja, kulima ndi kumanga pa malo amene kale adali a madzi. Koma madzi saiwala khwawa. Akabwerera, a boma amalangiza kuti anthu asamukire ku mtunda, ndipo mabungwe ambiri salola kumangira munthu nyumba pa malo amene adzamizidwenso. Mtundawo uli ndi eni ake. Ku dera lino, kumene Anyanja, Alomwe ndi Ayao ambiri amatsata chikamwini, malo amayenda ndi mbumba ya kuchikazi, ndipo mkamwini sangalole kapena kukana yekha popanda mwinimbumba. Nyakwawa iyenera kukambirana ndi inzake, gulupu amve, nkhani ifike kwa Mfumu Yaikulu. Pali manda a makolo osati n'kuwasiya chisawawa, palinso munda wa mpunga ndi doko zimene zimadyetsa banjalo. Zokambirana zimenezi sizilembedwa pa ndondomeko ya ntchito, koma zimatha kudya chilimwe chonse. Pamene zikuchitika, anthu amakhala m'misasa, ndipo misasa yambiri imakhala m'makalasi, kotero kuti kukonza sukulu kumadikira kuti anthu atulukemo, pamene anthuwo akudikira malo.

Tsono n'chifukwa ninji olonjeza amabwerezabe kunena miyezi itatu, pamene zonsezi n'zodziwika? Akatswiri awiri a za maganizo a anthu, Daniel Kahneman ndi Amos Tversky, adalongosola mu 1979 kuti munthu akamayerekeza nthawi ya ntchito yake amaona m'maganizo mwake ntchitoyo ikuyenda bwino kuyambira poyamba mpaka pomaliza, ndipo saganizira za mmene ntchito zina zofanana nayo zidathera. Nyumba yotchuka ya zisudzo ndi nyimbo ya ku Sydney, ku Australia, idayerekezedwa kuti itenga zaka zinayi, koma idayambika mu 1959 n'kutsegulidwa mu 1973. Pa chibadwa chimenechi pamaonjezereka zina. Kontirakitala wonena zoona kuti ntchito itenga miyezi khumi ndi isanu amaopa kuti apambanidwa ndi wonena isanu ndi umodzi. Mtsogoleri woima pamaso pa anthu amene agona panja sangalimbe mtima kuwauza kuti adikire zaka ziwiri. Omvera nawonso amaombera m'manja tsiku lapafupi. Motero onse amagwirizana pa tsiku limene aliyense payekha akulikayikira mumtima.

Langizo la akatswiri aja lidali lakuti woyerekeza ayambe wafunsa kuti ntchito zonga imeneyi, pa malo onga amenewa, zidatenga nthawi yotani, ndipo tsiku lake alitenge pamenepo. Kwa Mwambo mayankho a funsoli alipo, m'mafaelo a khonsolo ndi m'mitu ya makomiti a sukulu amene adadikirapo kale. Tsiku loona lili ndi phindu lenileni, ngakhale likhale lowawa kumva. Mphunzitsi wamkulu akauzidwa kuti kalasi sidzatha chaka chino, amauza makolo amange chisakasa cholimba mvula isadayambe, m'malo modalira mthunzi wa mtengo. Mudzi ukadziwa kuti mjigo sukonzedwa msanga, umasamala za kuthira mankhwala m'madzi a pachitsime, chinthu chimene chidali cha moyo ndi imfa pa mliri wa kolera wa mu 2022 ndi 2023. Mlimi akadziwa kuti mlatho sukhalapo pa nthawi yokolola, amakonzeratu njira ina yotulutsira mpunga wake, osadikira kuti mavenda am'peze atasowa pogwira.

Pa sikimu ya mpunga ya Likangala, imene idakhazikitsidwa kumapeto kwa zaka za m'ma 1960 ndi thandizo la akatswiri a ku Taiwan, vuto la nyengo limaoneka mwa mtundu winanso. Madzi osefukira amakwirira ngalande ndi mchenga, amagumula makoma ake ndi kuononga potengera madzi pa mtsinje. Kuti ngalande ikonzedwe ndi simenti iyenera kukhala youma, ndiye kuti madzi atsekedwe. M'dzinja sizitheka chifukwa cha mvula. M'chilimwe zimatheka, koma chilimwe ndiyo nthawi imene alimi amafuna madziwo koposa, kuti mbeu ya mthirira ibweze zimene dzinja lidawalanda. Kutseka ngalande yaikulu miyezi iwiri ndiko kuuza mabanja amene ataya kale zokolola zina kuti atayenso zachiwiri. Choncho alimi ndi amisiri amapangana zogawana masiku: sabata ino madzi ayende, sabata ya mawa atsekedwe, gawo ili likonzedwe chaka chino, linalo chaka cha mawa. Ntchito imene pa pepala idali ya miyezi iwiri imatambasuka pa zilimwe ziwiri, ndipo pakati pa zilimwe ziwirizo pali dzinja lina, ndi mtsinje wa Likangala ukutsikanso kuchokera kuphiri.